Norman Lear, Mlembi wa Masewero a pa Kanema

Mukamaonera sewero pa wailesi ya kanema, maso anu amakhala pa anthu amene akusewerawo. Komatu mawu onse amene iwo amalankhula amakhala atalembedwa kale ndi munthu wina amene nkhope yake simuiona. Ameneyu ndiye mlembi wa sewero. Palinso wina amene amasankha osewera, kufunafuna ndalama ndi kuyang'anira ntchito yonse kufikira sewero litaonetsedwa. Bambo Norman Lear a ku America ankagwira ntchito ziwiri zonsezi.

A Lear adabadwa m'chaka cha 1922 mumzinda wa New Haven. Ali ndi zaka 9, bambo awo adatsekeredwa m'ndende chifukwa cha malonda achinyengo. Atakula adakamenya nawo Nkhondo Yachiwiri ya Dziko Lonse, ndipo ankagwira ntchito ya wailesi m'ndege yankhondo. Pambuyo pake adasamukira ku Los Angeles. Kumeneko ankayenda khomo ndi khomo kugulitsa katundu, ndipo akapeza mpata ankalemba nthabwala pamodzi ndi mnzawo Ed Simmons, nazigulitsa kwa akatswiri oseketsa anthu.

Masiku amenewo masewero ambiri oseketsa ankaonetsa mabanja opanda mavuto enieni. Vuto likakula, ndiye kuti ndiwo zapserera alendo ali pakhomo. Chonsecho m'dzikomo zinthu zidali zitavuta. Azungu ambiri ankanyoza anthu akuda, ndipo makolo ndi ana awo ankakangana za nkhondo ya ku Vietnam. A Lear adafuna kuti mikangano yotereyi imveke pa kanema.

Iwo adatengera nzeru pa sewero lina la ku Britain, nakonza lawo lotchedwa All in the Family. Wailesi ya ABC idalikana kawiri. Potsiriza ya CBS idavomera, ndipo lidayamba kuonetsedwa mu Januwale 1971.

Mwini nyumba m'seweroli adali Archie Bunker, bambo wamakani ndi watsankho wa mumzinda wa New York. Mwamuna wa mwana wake, Mike, ankakhala m'nyumba yomweyo, monga amachitira mkamwini kwathu kuno. Koma mkamwini ameneyu sadali wofatsa ayi. Archie akanyoza anthu a mtundu wina, Mike ankamutsutsa pomwepo, chakudya chili patebulo. Sewerolo ankalijambula pamaso pa anthu oonerera, motero kuseka kumene kunkamveka kudali kwenikweni. Nthawi zina anthuwo ankangoti zii, pakuti a Lear sankaopa kulowetsamo matenda, imfa ndi kutha kwa ntchito. Kwa zaka 5 zotsatizana panalibe pulogalamu ina ya pa kanema ku America imene idaliposa pa kuchuluka kwa oonerera.

Apa mpamene padabuka funso lovuta. Cholinga cha mlembi chidali chakuti anthu aseke uchitsiru wa tsankho. Koma oonerera ena adamkonda Archie chifukwa ankanena zimene iwo omwe ankaganiza. Kodi sewerolo lidachepetsa tsankho, kapena ena lidangowalimbitsa mtima? Anthu adatsutsana kwambiri pa nkhaniyi. Mlembi akadamsandutsa Archie chilombo, palibe akadadziona yekha mwa iye. A Lear adampatsa mtima wokonda banja lake, ndipo iwo eni ankanena kuti makhalidwe ena a Archie adawatenga kwa bambo awo.

Mu 1975 adayambitsa The Jeffersons, sewero la banja la anthu akuda limene kale lidali loyandikana nyumba ndi Archie, koma lidalemera ndi masitolo ochapa zovala. Sewero limeneli lidatha mu 1985.

A Lear sadaleke ntchito ngakhale atakalamba. Mu 2020, ali ndi zaka 98, adalandira mphoto ya Emmy, imene imaperekedwa kwa ochita bwino pa kanema. Adamwalira mu Disembala 2023 ali ndi zaka 101. Mpando umene Archie ankakhalapo pokangana ndi mkamwini wake udaperekedwa mu 1978 ku nyumba yosungiramo zinthu zakale ya Smithsonian, mumzinda wa Washington.