Mai Agnès Varda: Mwini Wace wa Nchito Yace

Ambiri a ife tinaonapo kanema, koma ndi owerengeka amene amafunsa kuti kodi mwini wace wa cithunzi coyendaco ndani. Usiku uno ndifuna kukamba za mai wina wa ku France, dzina lace Agnès Varda, pakuti moyo wace uyankha funso limeneli.

Poyamba tidziwe kuti pokonza kanema pali nchito zitatu zazikuru. Pali wofuna ndalama, amene alipira anchito ndi makina. Pali wotsogolera, amene auza osewera cocita ndi wojambula poloza. Ndipo pali wolumikiza, amene adula zojambulazo, nataya zina, nasanja zotsala kuti zikhale nkhani imodzi. Kawirikawiri nchitozi zigwidwa ndi anthu atatu, ndipo mau otsiriza akhala a mwini ndalama. Iye akati, “Mathero awa ngacisoni, asintheni,” wotsogolera alibe conena. Mai Varda anakana zimenezi, ndipo pa zithunzi zao zambiri anasenza nchito zonse zitatu.

Iwo anabadwira ku Brussels m’dziko la Belgium m’caka ca 1928. Nkhondo itafika mu 1940, banja lao linathawira ku Sète, mudzi wa asodzi kumwera kwa France, kumene linakhala m’bwato padoko. Atakula anayamba nchito yojambula zithunzi za osewera a Théâtre National Populaire.

Mu 1954, asanaphunzire za kanema kusukulu iri yonse, anayambitsa kampani yao yaing’ono, imene pambuyo pace inachedwa Ciné-Tamaris, nabwerera ku Sète kukajambula La Pointe Courte. Ndalama zinali zocepa kwambiri, kotero kuti osewera ndi anchito anagwirizana kugwira nchito osalandira malipiro, ndipo asodzi a pamudzipo anaonekera m’cithunzico monga momwe analiri. Wolumikiza anali Alain Resnais, amenenso anadzachuka. Koma ufulu uli ndi mtengo wace: cithunzico cinaoneka m’nyumba zowerengeka, ndipo panapita zaka zisanu ndi ziwiri kufikira Cléo de 5 à 7 mu 1962, nkhani ya mkazi woimba amene ayendayenda m’Paris ndi mantha, alikudikira kuti dotolo amuuze ngati ali ndi nthenda yoopsa.

Imvani tsono umo anapezera nzeru pa kusowa. Pokonza Daguerréotypes ca m’ma 1975, anali ndi mwana wamng’ono, osatha kupita kutali. Anakoka cingwe ca magetsi ca mamita 90 kucokera m’nyumba yao ya mu mseu wa Daguerre, najambula okhawo amene cingweco cinawafikira: wophika buledi, wogulitsa nyama, wometa tsitsi. Paja akuru amati fodya wako ndi uyo ali pamphuno.

Mu 1985 anaturutsa Sans toit ni loi. Cithunzico ciyamba ndi mtembo wa mtsikana wosowa pokhala, wofa ndi cisanu m’ngalande, ndipo pambuyo pace tiona anthu amene anakomana naye, yense nanena zace. Kuyamba ndi imfa nkusankha kwa wolumikiza, ndipo mwini ndalama wamantha sakadalola. Koma cinalandira mphoto yoposa zonse pa mpikisano wa ku Venice.

Ali ndi zaka zoposa 70, anatenga kamera kakang’ono kogwira m’dzanja limodzi, nayendera anthu okunkha: otola mbatata zosiyidwa m’minda atatha kukolola, ndi otola zakudya zotayidwa pamsika. Cithunzi cimeneco, Les Glaneurs et la glaneuse, cinaturuka mu 2000. Inu amene munakunkhapo cimanga kapena nshawa mudziwa kuti cimene wina ataya, kwa mnzace ndico cakudya ca tsikulo. Iwonso anadzicha wokunkha.

Mu 2017 a ku America anawapatsa mphoto yaulemu ya Oscar, ndipo anamwalira ku Paris pa 29 March 2019, ali ndi zaka 90. Moyo wao wonse kupeza ndalama za cithunzi catsopano kunali kobvuta, koma zithunzi zao zambiri zinali za kampani yao, ndipo ana ao ndiwo anatsala nazo.

Tsiku lina mukadzaona kanema, mudzawerenge maina olembedwa pamenepo, ndi kudzifunsa kuti anali ndi mau otsiriza ndani. Gonani bwino nonse.