Tipa Yagwidwa ku Mtsinje, Manje Mlandu ni wa Ndani?

Imwe amene mumakwera basi ya m'mawa pa Great East Road, mumaiona: tipa yodzala mchenga wonyowa, madzi akudontha kumbuyo, ikuthamangira ku ma plot a ku Silverest. Pakapita miyezi muipeza tipa yomweyo pa polisi, matayala aphwa, udzu wamera pansi pake. Ba driver ali chabe ku komboni, nchito yasila. Chinachitika n'chiyani?

Tiyambe ndi chimene ambiri sadziwa. Mchenga wa mu mtsinje si wa aliyense amene ali ndi fosholo. Malamulo a migodi muno mu Zambia amauika pa gulu la ma mineral, ndipo kukumba kogulitsa kumafuna laisensi. A ZEMA, amene anakhazikitsidwa ndi lamulo la zachilengedwe la 2011, afunika kuvomereza kuti malo sadzaonongeka. A WARMA nawo amayang'anira mitsinje ndi magombe ake. Kalata ya ba headman si laisensi. Lisiti ya levy ya kansolo, nayonso si laisensi. Apa ndiye pamene madalaivala ambiri amagwera, amatulutsa kapepala ka pa barrier n'kuganiza kuti zonse zili bwino.

Nanga n'chifukwa chiyani amagwira motoka? Ganizani. Anyamata okumba akaona apolisi amataya mafosholo n'kulowa m'tchire, mawa kwabwera ena. Koma tipa yodzala siithawa pa msewu wa matope. Ndipo ndiyo imasandutsa mchenga kukhala ndalama: popanda iyo mulu uja sufika mu town. Ukagwira tipa, wagwira bizinesi yonse pakhosi.

Manje mvetsetsani, kugwira ndi kulanda ni vinthu viwiri. Poyamba motoka imasungidwa ngati umboni pamene mlandu ukuyenda. Kuti ikhale ya boma mpaka kalekale, afunika kugamula ni khoti. Lamulo la Forfeiture of Proceeds of Crime la 2010 limalola khoti kulanda katundu amene anagwiritsidwa nchito pa mlandu waukulu. Mwini motoka akanena ati "ine sin'nadziwe, driver anapita yekha usiku," afunika kukhutiritsa khoti, osati kulumbira chabe. Ndipo ngakhale aibweze, miyezi yapita, batire yafa, nkhongole imene anagulira tipa ikali kumudikira, ana a driver afuna ndalama za mayunifomu.

Mwina mukuti boma likuvutitsa anthu osauka pa nkhani ya dothi. Koma mchenga wa pansi pa mtsinje uli ndi nchito yake. Umasunga madzi, ndiye chifukwa chake mu October amayi amafukula pa mtsinje wouma n'kutunga. Ukachoka, mtsinje umazama, magombe amagumuka pamodzi ndi madimba, zitsime za pafupi zimaphwa, ndipo mizati ya mlatho imatsala pa mtunda. Maenje otsala amadzala mvula ikagwa, ana n'kumasambiramo osadziwa kuzama kwake. Anthu a ku Chongwe akudziwa kale mmene zimawawira mtsinje ukauma, mapompi n'kukhala zii nyengo yotentha. Kuchotsamo mchenga kumangoonjezera vuto.

Tsono funso lija, mlandu ni wa ndani? Pang'ono ni wanu, imwe ba landlord a mawa. Mchenga wa mu mtsinje mumaukonda chifukwa ulibe dothi lambiri, umagwirana bwino ndi simenti pa slab ndi ma block. Munthu akakuuzani mtengo wotsika, ati "nizabweretsa 04:00, musakambe," mumasekerera. Kutchipa kuja kwachokera pa mapepala amene sanalipiridwe.

Ngati mukumanga, funsani kumene mchenga wachokera, ndipo pa ma block ganizirani quarry dust ya ku ma quarry ovomerezeka. Ngati ndimwe driver, musanalowetse motoka mu mtsinje, onani laisensi ya okumba ndi maso anu, muijambule pa foni. Ngati tipa ni yanu, dziwani kumene imagona ndi kumene imapita usiku, chifukwa dzina limene lili pa white book ni lanu, si la driver.

Mawa mukaiona tipa ija ikudontha madzi pa ma robot, yang'anani bwino. Mwina ikupita pa plot yanu.