Masekondi 15 pakati pa Catherine ndi Meselech

Loweruka lapitali, kunja kusanayere bwino, ndidapalasa njinga kuchoka ku Area 23 kupita pabwalo la Masintha ku Kawale, ndikulondola mwana wa achemwali anga amene amathamanga patsogolo. Iye wapansi, ine panjinga, koma wofika ali wefuwefu ndidali ine. Mtsikanayu ali ndi zaka 15, ali Fomu 2, ndipo pampikisano wa kusukulu kwawo chaka chino adasiya aliyense m'mbuyo, ndi anyamata omwe. Nsapato zomwe amathamangira ndidamugulira pakaunjika kumsika wa Tsoka, ndipo yakumanzere yayamba kale kuyasama.

Pobwerera tidapeza mayi ake atakhala pakhonde, zigubu zopanda madzi zili pambali. Ndi moni yemwe sadatipatse.

"Achimwene, mukumunamiza mwanayu," adatero. "Kuthamanga kunadyetsapo ndani ku Malawi kuno? Tchulani dzina limodzi lokha."

Dzina ndidali nalo, ndipo ndidalitchula: Catherine Chikwakwa. Achemwali adandiyang'ana n'kufunsa kuti, "Ndiye zinamuthera bwanji?" Apa ndidayamba kukanda m'mutu, chifukwa nkhani ya Catherine ikhoza kuikira kumbuyo ine, ikhozanso kuikira kumbuyo iwo. Kuti imveke bwino, iyenera kukambidwa limodzi ndi ya mtsikana wina wa ku Ethiopia amene adathamanga naye tsiku limodzi.

Ambiri mwa inu amene mukuwerenga pafoni munali musanabadwe, kapena munali kumsana kwa amayi. Mu Julaye 2004, mumzinda wa Grosseto ku Italy mudachitika mpikisano wa dziko lonse wa achinyamata osakwana zaka 20. Paliwiro la atsikana la mamita 5,000, komwe ndi kuzungulira bwalo ka 12 ndi theka, woyamba adali Meselech Melkamu wa ku Ethiopia, amene adamaliza m'mphindi 15 ndi masekondi 21. Wachiwiri, wotenga mendulo ya siliva, adali Catherine wathu, m'mphindi 15 ndi masekondi 36. Onse awiri adabadwa mu 1985. Catherine adali atalawa kale ma Olympics ku Sydney mu 2000 ali ndi zaka 15, msinkhu womwe uli ndi mwana wa achemwali anga lero.

Paliwiro lotere, masekondi 15 ndi mamita pafupifupi 80. Sakwana n'kutalika kwa bwalo la mpira komwe. Tsiku limenelo, kusiyana kwa Malawi ndi Ethiopia kudali kokhako.

Tsopano tamvani komwe Meselech adalowera. Mtsikanayu kwawo ndi ku Debre Markos, m'chigawo cha Amhara. Asanapite ku Grosseto adali atapambana kale, chaka chomwecho, mpikisano wa dziko lonse wa achinyamata wothamanga m'madambo ndi m'zitunda ku Brussels. Mu 2008 adatenga siliva pamamita 3,000 pampikisano wa dziko lonse wam'nyumba ku Valencia. Mu Juni 2009, ku Utrecht m'dziko la Netherlands, adathamanga mamita 10,000 m'mphindi 29 ndi masekondi 53.80. Panthawiyo padalibe mayi wa mu Africa amene adafikapo pamenepo, ndipo padziko lonse womuposa adali mmodzi yekha, Wang Junxia wa ku China.

Zowawa nazo adazilawa. Mu Ogasiti 2009 ku Berlin, pampikisano waukulu wa dziko lonse, adafika pafupi ndi mzere womalizira wa mamita 10,000 ali patsogolo, n'kuyamba kukweza manja kusangalala. Linet Masai wa ku Kenya adamudutsa cham'mbali n'kutenga golide ndi kagawo kamodzi mwa magawo 10 a sekondi. Fufuzani pa YouTube mukakhala ndi bandulo, mudzagwira pakamwa. Koma mayiyu sadapachike nsapato. Adasamukira kumsewu, ndipo mu 2012 adapambana marathon yake yoyamba ku Frankfurt, makilomita 42 m'maola awiri, mphindi 21 ndi sekondi imodzi. Mu 2016 adapambananso ku Hamburg ndi ku Amsterdam. Apa n'kuti patatha zaka 12 chichokereni ku Grosseto, akudyabe za miyendo yake.

Chodabwitsa n'chakuti kwawo Meselech sadali ngakhale shasha ya onse. Zaka zake zabwino adathera mumthunzi wa Tirunesh Dibaba ndi Meseret Defar, amene ankatenga golide ku Olympics. Kuti angopeza malo mutimu ya dziko lake, ankayenera kulimbana ndi akatswiri a dziko lonse pakhomo pomwepo.

Catherine adapita ku Olympics ya ku Athens mu Ogasiti 2004, patangotha mwezi umodzi. Koma mendulo ina yotere pampikisano wa akuluakulu wa dziko lonse sidabwerenso, kwa iye kapena kwa Mmalawi wina aliyense wothamanga. Dziko lino lidayamba kupita ku Olympics mu 1972, ndipo mpaka lero tilibe mendulo ngakhale imodzi. Izi sindikunena monyoza Catherine, ayi. Zomwe adachita ndi zazikulu kuposa zomwe tidamukonzera. Funso langa ndi lakuti, atatsika ndege ndi siliva uja, adapeza chiyani chomudikira?

Anthu akamakamba za Ethiopia amathamangira kunena za mapiri. N'zoona ndithu. Addis Ababa ili pamtunda wa mamita oposa 2,300 kuchokera pomwe pali nyanja yamchere, pomwe Lilongwe ili cha pa 1,050. Kumtunda kotero mpweya umapepuka, ndiye thupi limapanga maselo ofiira a magazi ochuluka kuti litenge okosijeni wokwanira. Munthu wozolowera kumeneko akatsikira kuchigwa amapuma ngati ali ndi mapapo atatu. Koma mapiri tili nawo ifenso. Tauni ya Dedza ili cha pamamita 1,600, makilomita osakwana 100 kuchoka mu Lilongwe. Nyika imapitirira mamita 2,000. Ndipo aliyense amene adaonerapo Porters Race ku Mulanje, anthu akukwera ndi kutsika phiri mothamanga, sanganene kuti Amalawi tilibe mapapo.

Chomwe Ethiopia ili nacho, chimene ife tilibe, ndi njira yoti mwana ayendemo. Njirayi idalambulidwa kalekale. Abebe Bikila adapambana marathon ya Olympics ku Rome mu 1960 wopanda nsapato. Derartu Tulu adatenga golide ku Barcelona mu 1992, Meselech ali ndi zaka 7. Choncho mtsikana wa kumeneko akamauza mayi ake kuti akufuna kuthamanga, mayiyo safunsa kuti kudadyetsapo ndani. Mayina akuwadziwa, ndipo nyumba ndi mahotela omangidwa ndi ndalama za liwiro akuwaona ndi maso.

Mwana akaoneka kuti ali ndi miyendo, pali omutola. M'katauni ka Bekoji, mphunzitsi wa masewero Sentayehu Eshetu ndiye adaumba Derartu Tulu, Kenenisa Bekele ndi Tirunesh Dibaba adakali ana. Akakula pang'ono amalowa makalabu a asilikali, apolisi, a ndende, a kampani ya magetsi kapena a banki, komwe amalandira kamalipiro, chakudya ndi kochi. Amaphunzira m'magulu, m'mawa uliwonse m'nkhalango za phiri la Entoto, wina akuponda pomwe wachotsa phazi mnzake. Mipikisano imakhalapo chaka chonse, monga wa ku Jan Meda komwe amasankhirako timu ya dziko, ndi Great Ethiopian Run ya makilomita 10 yomwe Haile Gebrselassie ndi anzake adayambitsa mu 2001. Wina akavulala kapena akagwa ngati muja adachitira Meselech ku Berlin, pamakhala pogwera.

Bwerani nayeni mwana wotereyo ku Area 23. Kuti athamange asanapite kusukulu ayenera kudzuka kuli mdima, ndipo mtsikana sangayende yekha nthawi imeneyo. N'chifukwa chake ine ndimapalasa njinga pambuyo pake. Misewu ilibe malo a oyenda pansi, ndiye amalimbirana njira ndi akabaza komanso maminibasi. Chilimwe ndi fumbi, dzinja ndi matope. Agalu nawo ali pomwepo. Akadutsa pasiteji, anyamata oitanira amakuwa: "Iwe, waba chani?" Ena amalankhula zoti sindingalembe pano. Akafika kunyumba kuli mzere wa pakiyosiki ya madzi ukumudikira, kenako tiyi ndi mbatata ngati zilipo. Mtsikana wa msinkhu uwu akamathamanga mtunda wautali amafunika zakudya zowonjezera magazi, nyemba, usipa, bonongwe, mazira apo ndi apo, apo ayi amayamba chizungulire ndipo liwiro limatha.

Miyendo yokha ndiye siyosowa. Taonani ana a ku Chinsapo amene amayenda wapansi kupita mutauni kukagulitsa mandasi, kapena anyamata a ku Mgona othamangira maganyu ku Kanengo dzuwa lisanatuluke. Taonani ana a ku Biwi momwe amathamangitsira mpira wa mapepala tsiku lonse osakhala pansi. Pakati pawo pali a Catherine angati amene palibe adawayezapo nthawi? Bwalo la Bingu ku Area 48, lomwe lidatsegulidwa mu 2017, lili ndi njira yothamangiramo yamakono, ndipo mu Disembala 2022 Lilongwe idalandira masewero a achinyamata a Region 5. Koma kuchoka ku Area 23 kukafika kumeneko ndi maminibasi awiri popita, awiri pobwera. Mwana wa achemwali anga sadapondepo panjira imeneyo.

Sindikunena kuti palibe amene akuyesetsa. Mike Tebulo adathamanga marathon ku London mu 2012, Tereza Master ku Rio mu 2016, ndipo Asimenye Simwaka watiimirira kawiri ku Olympics pamaliwiro afupiafupi. Koma aliyense amaoneka ngati watulukira yekha, kenako timadikira zaka kuti kutuluke wina. Kumpira wa atsikana ndiko kwatisonyeza zomwe njira imachita. Tabitha Chawinga adachoka ku Rumphi, adapeza kalabu ya DD Sunshine mu Lilongwe muno, kenako Sweden. Mng'ono wake Temwa adaponda momwemo, ndipo mu 2024 adasankhidwa kukhala wosewera wopambana onse muligi ya ku America. Lero mayi wa ku Kawale akaona mwana wake wamkazi akumenya chikopa saseka ngati kale.

Ndiye tiyambire pati? Za boma, mabungwe a masewero ndi makampani zilipo: kulemba ntchito othamanga ngati momwe amachitira ndi osewera mpira, kukhala ndi malo ophunzirirako ku Dedza, kutsegulira ana a sukulu bwalo la Bingu tsiku limodzi pamwezi. Koma zina sizidikira bajeti. Inu nomwe muli ndi foni m'manja, muli ndi wotchi komanso choyezera mtunda, zinthu zomwe aphunzitsi athu akale ankazisowa. Muli m'magulu a WhatsApp a m'dera, ena muli m'magulu othamanga Loweruka pofuna kuchepetsa mimba. Gulu lotere litatenga ana awiri kapena atatu aluso a pasukulu yapafupi, kuwaperekeza m'mawa, kusonkherana nsapato za pakaunjika ndi kulemba nthawi zawo mwezi ndi mwezi, patha chaka tili ndi mayina ndi manambala oti tikaonetse kochi. M'mera mpoyamba. Sentayehu uja adayamba ndi ana a sukulu pabwalo la dothi.

Zonsezi ndidawafotokozera achemwali madzulo a tsikulo, tikudya. Sindidawalonjeze Frankfurt, chifukwa ngakhale ku Ethiopia amene amafika pomwe adafika Meselech ndi ochepa, ambiri amathera panjira. Ndidawauza kuti nkhawa yawo ndi yoona, ndipo sukulu ndiyo ikhale patsogolo. Chomwe ndikukana n'chakuti mwanayu asiye tisanadziwe n'komwe kuti miyendo yake ingafike pati.

Adakhala chete nthawi yaitali, kenako adati: "Chabwino. Koma madzi azitunga madzulo, m'mawa muzipita naye inuyo osati yekha. Ndipo JCE ikangovuta, nsapatozo ndisonkhezera mbaula."

Tidagwirizana choncho. Lamulungu m'mawa tidayeza makilomita 5 ndi foni yanga, ndipo adamaliza m'mphindi 21 ndi masekondi angapo, panjira ya mabampu, galu atamuimitsa kamodzi. Ndidamuonetsa nambala ya Catherine, iye n'kuwerengera pazala kuti kwatsala mphindi pafupifupi 6.

"Amalume, zimenezo zimachoka pazaka zingati?" adafunsa.

Ndidamuuza kuti tiyambe tachotsa imodzi. Tidalemba tsiku ndi nthawiyo kuchikuto cha kope lake la masamu. Mwezi ukatha ndikalandira, tikwera maminibasi awiri aja kupita ku Area 48, akaone ndi maso ake kuti mamita 400 enieni amatalika bwanji.