Chikhadabo chobaya mnofu: vuto limayambira pa lezala ndi pa kaunjika

Msika wa fodya ukatsegulidwa ku Chinkhoma, ndalama zimayamba kuyenda m'tauni ya Kasungu, ndipo achinyamata okonda kuthamanga amadzaza pa kaunjika kusankha nsapato. Sipapita milungu yambiri, ena a iwo amandipeza kuchipatala akutsimphina, chala chachikulu chakuphazi chitatupa, mafinya ali chuchuchu. Ambiri amafika atatokosa kale ndi singano poganiza kuti ndi thekenya, pomwe chawabaya ndi chikhadabo chawo chomwe.

Chikhadabo chakuphazi chimamera kuchokera pamuzu wobisika pansi pa khungu, ndipo chimakula pafupifupi mamilimita 1.5 pamwezi. Kawirikawiri sichilowa m'mnofu pachokha, mwini wake ndiye amachitsegulira njira. Ambirife timawenga ndi lezala, n'kuzunguliza m'makona kuti chioneke bwino. Koma lezala safika pansi penipeni pa kona. Amasiya kansonga kobisika ngati minga, ndipo chikhadabo chikamakula, kansongako kamaboola khungu, tizilombo n'kupeza polowera.

Kwa wothamanga zinthu zimaipiraipira. Phazi limafufuma mukathamanga mtunda wautali, thukuta limafewetsa khungu, ndiye nsapato imene inakukwanani ndendende m'mawa pamsika imasanduka yothina mukafika pa kilomita yachisanu. Amene mumachita masewera okwera phiri la Kasungu mukudziwa mmene zala zimagundira kutsogolo kwa nsapato potsika. Kugunda kulikonse kumakanikizira mnofu pa kansonga kaja. Ndimaonanso zomwezi kwa osewera mpira, amene amavala dala nsapato zazing'ono ati kuti azimva bwino mpira kuphazi.

Nsapato muziyesa madzulo, mutavala sokosi, mutaimirira. Pakati pa chala chachitali ndi kumapeto kwa nsapato pazikwana chala chachikulu chakumanja chopingasa. Wogulitsa akati "imasuka yokha, achimwene," isiyeni. Zikhadabo muziwenga mowongoka, makona azionekera pamwamba pa khungu.

Ngati chala changofiira ndi kuwawa koma mafinya palibe, pumulani kuthamanga. Viikani phazi m'madzi ofunda amchere kwa mphindi 15, kawiri kapena katatu patsiku, liumitseni bwino, ndipo lowetsani kathonje koyera pansi pa kona ya chikhadabo kuti kaikweze. Kathonjeko muzisintha tsiku lililonse. Chimene chimandikwiyitsa ndi chizolowezi chotsegula makapisozi n'kuthira ufa wake pabala. Ngakhale mankhwala akumwa opha tizilombo sachotsa kansonga. Kutupa kumachepa masiku angapo, kenaka kumabwerera.

Mafinya akayamba, kapena pakamera kamnofu kofiira kosachedwa kutuluka magazi, nthawi yodzithandiza nokha yatha. Apa ndi pamene anthu amaopa, poganiza kuti tizula chikhadabo chonse iwo akukuwa. Ayi. Timabaya jakisoni wochititsa dzanzi patsinde la chala, chala chonse n'kuuma, ndipo timadula kachigawo kakang'ono ka m'mbali kufikira kumuzu. Mbali yotsalayo timaisiya, chifukwa chikhadabo chozulidwa chonse chimatenga chaka kapena chaka ndi theka kuti chimerenso. Vuto likamabwerezabwereza, timaononga muzu wa mbali imeneyo, ndi mankhwala otchedwa phenol kumene alipo, kuti kansonga kasamerenso. Munthu amabwerera kunyumba tsiku lomwelo, ndipo ambiri amayambanso kuthamanga pakatha milungu yochepa bala likauma.

Kwa akuluakulu amene mwayamba kuthamanga kapena kuyenda ndawala chifukwa cha matenda a shuga, malangizo a madzi amchere ndi thonje si anu. Shuga amachititsa dzanzi kumapazi ndipo mabala amachedwa kupola, kotero kabala ka pachikhadabo kangathe kudulitsa chala. Mukangoona kufiira, musadikire mafinya, pitani kuchipatala chimene muli nacho pafupi tsiku lomwelo.