M'mene Mtsogoleri Amasankhira Maiko Opalana Nao Cibwenzi

Munthu wa kwa Nsabwe akaima pa mtunda nayang'ana kum'mawa amaona dziko la Mozambique tsidya lija la mtsinje wa Ruo. Komabe ambiri amaganiza kuti nkhani za pakati pa maiko ndi za akuluakulu a ku Lilongwe okha, ndipo sizimkhudza munthu wothyola tiyi. Si conco ai. Tiyi wa ku Thyolo amagulidwa kunja. Feteleza, mafuta a galimoto ndi mankhwala ambiri a m'cipatala zimacokera kunja. Mtsogoleri akasankha bwino abwenzi a dziko, njira zimatseguka. Akalakwa, sitolo ya pamudzi imadziwa msanga. Mwezi uno tifotokoza m'mene atsogoleri amaganizira nkhani zotere.

Kuyesa pa sikelo

Aliyense wogwira nchito m'munda wa tiyi amaidziwa sikelo ya kapitao. Mtsogoleri wanzeru ali ndi sikelo yacenso. Asanapalane cibwenzi ndi dziko lina, kapena asanalikane, amadzifunsa kuti: Tikacita ici tipindula ciani? Titaya ciani? Nanga anansi athu adzati ciani?

Citsanzo ndi ca Dr. Kamuzu Banda. Pamene Malawi analandira ufulu pa 6 July 1964, dziko linali losauka ndipo linalibe doko pa nyanja ya mcere. Tiyi ndi fodya zinali kupita ku Beira pa njanji yodzera ku Luchenza, Sandama ndi Thekerani, ndi kuoloka Zambezi pa mlatho umene unatsegulidwa m'caka ca 1935. Nthawi imeneyo Mozambique anali m'manja mwa Apwitikizi. Ndiponso amuna zikwi zambiri anali pa nchito m'migodi ya ku South Africa, kumene timati ku Joni, ndipo ndarama zao zinali kulera mabanja kuno kumudzi.

Maiko ambiri a mu Africa anapangana zoleka kuyanjana ndi Apwitikizi ndi boma la tsankho la ku South Africa. Dr. Banda anakana. Iye anaona kuti Apwitikizi akatseka njanji, tiyi adzaunjikana ku Luchenza wopanda njira. M'caka ca 1967 anagwirizana ndi South Africa zotumizirana akazembe. Kucokera kumeneko kunabwera ngongole imene inathandiza kumanga mzinda wa Lilongwe, umene unakhala likulu m'caka ca 1975, ndiponso njanji yopita ku doko la Nacala, imene inatsegulidwa m'caka ca 1970.

Koma sikelo ili ndi mbali ziwiri. Malawi anataya ulemu pakati pa maiko anzace. Atsogoleri a Tanzania ndi Zambia sanamvane naye Dr. Banda kwa zaka zambiri, ndipo anthu omenyera ufulu kum'mwera anati Malawi wawataya.

Mtima nao umalemera

Zikanakhala kuti sikelo yokha ndiyo imaweruza, bwenzi anthu onse anzeru akubvomerezana. Koma m'caka comweco ca 1964 nduna za Dr. Banda zinaona njanji yomweyo ndi umphawi womwewo, ndipo zinaganiza mosiyana naye. Bambo Kanyama Chiume, nduna ya nkhani za kunja, pamodzi ndi anzao anafuna kuti Malawi ayanjane ndi China, amene analonjeza cithandizo ca ndarama, ndiponso atalikirane ndi Apwitikizi.

Nanga cinawasiyanitsa nciani? Coyamba ndi njira imene munthu anayenda pa moyo wace. Dr. Banda anakhala kunja zaka ngati 40. Ali mnyamata anagwira nchito ku South Africa, naphunzira ku America ndi ku Scotland, nakhala dokotala ku London. Azungu anawazolowera, koma maiko a cikomyunizimu sanawakhulupirire. Nduna zija zinali zacinyamata, ndipo abwenzi ao anali anthu omenyera ufulu m'maiko oyandikana nafe.

Caciwiri ndi ulemu. Dr. Banda anali wamkulu pa msinkhu ndipo anali kuchula nduna zace kuti anyamata ace. Zitamtsutsa, nkhani ya China inasanduka nkhani yakuti wamkulu ndani. Mu September 1964 anacotsa pa nchito Bambo Chiume, Bambo Orton Chirwa ndi Bambo Augustine Bwanausi. Ena, monga Bambo Masauko Chipembere, anatula okha pansi udindo. Ambiri a iwo anathawa m'dziko. Kuyambira pamenepo anthu olimba mtima kumuuza mtsogoleri kuti walakwa anacepa ndithu.

Nthawi zina nzeru ndi mtima zimayendera limodzi kotero kuti nkobvuta kuzilekanitsa. Mu April 1974 ndege ya Wenela inagwa ku Francistown, m'dziko la Botswana, ndipo Amalawi oposa 70 ocokera ku migodi anafa. Pomwepo Dr. Banda analetsa kulemba anthu a ku migodi, ndipo kulembako kunayambanso m'caka ca 1977. Cisoni ndi mkwiyo zinalipo. Koma ena ofufuza mbiri amati nthawi yomweyo minda yaikuru ya fodya inali kufuna anchito ambiri kuno kwathu.

Mwana wa ku Thyolo

Citsanzo cina ndi ca Dr. Bingu wa Mutharika, mwana wa boma lino la Thyolo, amene analamulira kuyambira 2004 kufikira imfa yace mu April 2012. Malawi anali pa cibwenzi ndi Taiwan kuyambira 1966. Mu December 2007 boma la Dr. Mutharika linaleka Taiwan ndi kuyanjana ndi China, pakuti China salola dziko kukhala ndi akazembe a mbali zonse ziwiri. Apa sikelo inagwira nchito. China ndi dziko lalikuru ndi lacuma, ndipo linathandiza kumanga Nyumba ya Malamulo ku Lilongwe, mseu wa Karonga mpaka Chitipa, ndi sukulu ya ukacenjede ya ku Ndata muno m'Thyolo. Cotayika cinalipo: madokotala a ku Taiwan amene anali kuthandiza pa cipatala cacikuru ca Mzuzu anabwerera kwao.

Koma mu April 2011 kalata yacinsinsi ya kazembe wa Britain, Bambo Fergus Cochrane-Dyet, inaululika m'nyuzipepala. M'kalatamo kazembeyo anadandaula kuti Pulezidenti sanali kufuna kudzudzulidwa. Dr. Mutharika anampitikitsa m'dziko, ndipo Britain naye anabweza kazembe wa Malawi. Mu July caka comweco Britain analeka kupereka ndarama zimene anali kuthandizira thumba la Boma. Omkonda Pulezidenti anati wateteza ulemu wa dziko. Koma izi zinacitika pamene ndarama za kunja zinali zitacepa kale, ndipo amene analipo akukumbukira mizere ya galimoto pa malo omwetsera mafuta ndi kukwera mtengo kwa katundu. Cibwenzico cinakonzedwa m'caka ca 2012, Mai Joyce Banda atalowa pa mpando.

Taonani, munthu ndi mmodzi yemweyo. M'caka ca 2007 anayesa pa sikelo. M'caka ca 2011 ambiri anaona kuti kupsa mtima ndiko kunatsogola.

Phunziro lace

Palibe mtsogoleri wopanda mtima, ndipo sitikanamfuna wotero. Cofunika ncakuti akhale ndi anthu omasuka kumuuza zoona asanalamule. Inu a kumudzi mumadziwa kuti mfumu yabwino siweruza mlandu wa malire a munda itangomva mau oipsetsa mtima. Imagona kaye, imaitana nduna zace, imamva mbali zonse. Akuluakulu anati mutu umodzi susenza denga. M'boma nchito imeneyi ndi ya nduna, akazembe ndi aphungu a Nyumba ya Malamulo.

Tsono mukamva pa wailesi kuti Boma lapalana cibwenzi ndi dziko lakuti, kapena layambana ndi lakuti, musati izi nzakutali. Funsani mafunso atatu. Tipindula ciani ndipo titaya ciani? Kodi mtsogoleri wafunsa anzace, kapena walamula atakwiya? Nanga tiyi wathu adzadzera njira iti? Aphunzitsi afotokozere ana a sukulu zimenezi ali ndi mapu m'manja, ndi kuwaonetsa Beira ndi Nacala. Ndipo phungu wanu akabwera ku msonkhano, mfunseni mafunso omwewa, pakuti nchito yace ndi kukulankhulirani.