Kodi Mumadziwa? Bwanamkubwa Amene Anakondera Chinyanja

Luangwa Boma ikutchedwabe Feira, mmodzi mwa abwanamkubwa amene ankailamulira ali kutali anali Sir Hubert Young, msilikali wa ku England amene mu 1918 anamenya nawo nkhondo ya Aluya limodzi ndi T. E. Lawrence.

Mu 1932 anaikidwa kukhala bwanamkubwa wa Nyasaland. Ali ku Zomba anafuna kuti Chinyanja chiziphunzitsidwa m'sukulu za dziko lonse, koma Atumbuka ndi amishoni a ku Livingstonia anakana kwamtuwagalu, ndipo nkhaniyo inakafika mpaka ku London. Kenaka anamusamutsira ku Northern Rhodesia, dziko lomwe munali Feira, kumene chaka cha 1935 sichinamukomere konse. Likulu linachoka ku Livingstone n'kupita ku Lusaka, inde, koma chaka chomwecho ogwira ntchito kumigodi ananyanyala atakwezeredwa msonkho, ndipo apolisi anapha anthu 6 ku Luanshya.

Kwawo ndale sizinamuyanje. Atalamuliranso Trinidad and Tobago, anaimira chipani cha Liberal pachisankho cha 1945 ku Harrow West, n'kugwa chagada. Anamwalira ku Portugal mu 1960.