Chilala chikafika, samalani ndi chinangwa chowawa

Achinyamata okonda mafilimu oopsa a ku Korea mwina akuidziwa Kingdom, imene inatuluka pa Netflix mu 2019. M'chigawo chake choyamba, odwala a pachipatala china ku Dongnae ali lefu ndi njala. Munthu wina akuwaphikira msuzi wa nyama, osawauza kuti nyamayo ndi ya mtembo wa mnyamata amene anafa atalumidwa ndi munthu wodwala matenda achilendo. Onse amene adya akufa, usiku n'kudzuka ali zilombo zoluma anthu. Imeneyi ndi nthano chabe, mitembo siyenda ayi. Koma ine chinandikhudza n'chakuti mliriwo unalowera m'mbale ya munthu wanjala.

Kuno ku Mozambique njala inabweretsapo matenda kudzera m'mbale ndithu. Pachilala cha 1981, anthu oposa 1,000 m'chigawo cha Nampula anauma miyendo mwadzidzidzi, makamaka ana ndi amayi. Kumeneko matendawa anawatcha mantakassa, madokotala amati konzo. Gwero lake linali chinangwa chowawa.

Chinangwa chimapirira dzuwa mbewu zina zikauma, koma chowawacho chili ndi poizoni wotchedwa cyanide, ndipo mvula ikasowa poizoniyu amachuluka. Nthawi yomweyonso madzi oviikira amasowa, ana akulira, ndiye mayi amafulumira kusinja chisanakonzeke. Ndiwo monga nyemba, mtedza ndi nsomba, zimene zimathandiza thupi kuchotsa poizoniyu, nazonso zimakhala kulibe.

Mu 2024 chilala cha El Niño chinaumitsa chimanga kuno ku Tete, ndipo Zambia, Malawi ndi Zimbabwe analengeza kuti m'mayiko mwawo mwagwa tsoka. Chaka chotere, ife ozolowera nsima ya chimanga timathamangira chinangwa chimene sitidziwa bwino kakonzedwe kake.

Choncho mukakumba chowawa, sendani, muviike m'madzi masiku atatu kapena kuposa mpaka chifewe, kenako muyanike chiume gwa. Ngati mwagula ufa kumsika ndipo mukuukayikira, usakanizeni ndi madzi pang'ono, muuyale mopyapyala m'lichero kapena pamphasa yoyera. Ukhale maola 2 padzuwa kapena maola 5 pamthunzi, muphike tsiku lomwelo.

Konzo siopatsirana ndipo si ufiti, koma miyendo ikauma sibwereranso mwakale. Mwana akamamva chizungulire, mutu kapena kusanza atadya nsima ya chinangwa, kapena akayamba kuyendera zala zakumapazi miyendo ikunjenjemera, lekani kudya ufawo ndipo mupite naye kuchipatala tsiku lomwelo.